Kodi mnzanga wa kutchalitchi angakhale nkhoswe yanga?

Sabata yatha ndinalandira imelo kuchokera kwa mtsikana wina wa ku Blantyre. Akuti iye ndi bwenzi lake onse ali pantchito ndipo akufuna kumanga banja chaka chino, koma amalume ake ali kumudzi ku Dedza, patha zaka osaonana. Akufunsa ngati sangangotenga mnzake wa kutchalitchi kuti akhale nkhoswe, poti ndi amene amamudziwa bwino.

Achemwali, ndakumvani, koma ine ndikuti kwerani basi mupite ku Dedza.

M'tauni muno chinkhoswe tachisandutsa tsiku la zitenje zofanana, zoimbira ndi perekaniperekani, mpaka nkhoswe ikuoneka ngati munthu wongodzagwira nkhuku pojambulitsa. N'zoona, patsikulo akuchimuna amapereka tambala, akuchikazi n'kupereka msoti. Mwamuna amapatsidwa khasu ndi nkhwangwa, mkazi lichero ndi mthiko. Koma posinthana nkhuku paja, mitundu iwiri ikulonjezana kuti ana athuwa akadzakhumudwitsana, tidzakhala pansi ndi ife. Kwa ife Achewa amalume ndi eni mbumba. Akalankhula, apongozi amadziwa kuti walankhula mtundu wonse. Mnzanu uja mwina amakukondani kwambiri, koma akadzasamukira ku Mzuzu kapena ku Johannesburg, kapena mukadzangosiyana mipingo, abale a mwamuna wanu adzagogoda khomo la ndani?

Ndinaziona ndi maso anga. Mchemwali wanga anabwerako ku banja usiku, mwana kumsana, zovala atamanga pachitenje. Kutacha amalume anatulukira panjinga, fumbi lili mbuu m'miyendo. Anayala mkeka pansi pa mtengo wa mango, naitanitsa ankhoswe akuchimuna. Alamu athu, amene panyumba pawo ankabangula, anakhala chete mutu uli pansi, chipewa chili m'manja. Nkhani inali ya ndalama za fodya zimene zinathera kumowa. Amalume sanakweze mawu ngakhale kamodzi. Anangofunsa mabelo angati anagulitsidwa, ndipo ana adya chiyani mwezi wa Febuluwale. Banja limenelo lilipo mpaka lero.

Ndisakunamizeni, ankhoswe ena amalakwitsa. Pali amene mawu awo ndi amodzi okha, akuti banja ndi kupirira, ngakhale mwana wawo atabwera diso litatupa. Zimenezo ine sindivomereza. Kumenyedwa si nkhani ya pamkeka. Kuyambira 2006 Malawi ali ndi lamulo loletsa nkhanza za m'banja, ndipo kupolisi kuli ofesi ya Victim Support Unit. Nkhoswe yabwino imakuperekezani komweko.

Za malamulo, lamulo la maukwati la 2015 limavomereza ukwati wa kwa DC, wa kutchalitchi kapena kumzikiti, ndi wa pachikhalidwe. Choncho boma silikukakamizani amalume. Koma pakagwa matenda kapena maliro, pepala siliyenda kukauza anthu kumudzi, siliyankha funso loti thupi likagona kuti ndipo ana atsala ndi yani.

Mwati simunaonane zaka zambiri. Musatumize uthenga pa WhatsApp. Gulani shuga, sopo ndi mafuta ophikira, muvale chitenje, mukagoneko usiku umodzi. Uzani mayi anu kaye kuti akutsogolereni. Ngati amalumewo akalamba, iwo eni adzaloza mng'ono wawo kapena msuweni amene ali pafupi ndi tauni kuti aziwaimirira. Mnzanu wa kutchalitchi uja asataye mtima, akhale mlangizi wanu, ndipo patsikulo adzakhale pambali panu.