Ndilibe situdiyo, ndingapeke bwanji nyimbo za m'filimu?

Sabata yatha ndinalandira imelo ya mnyamata wina wa ku Kasungu amene amaimba kiyibodi kutchalitchi kwawo. Anzake akujambula filimu ndipo amupempha kuti aikemo nyimbo. Iye mantha amugwira: alibe situdiyo, alibenso chigulu cha oimba ngati chimene timamva m'mafilimu akunja. Akufunsa ngati alipo amene anayamba ntchitoyi ndi zochepa n'kufika nayo patali.

Alipo, achimwene. Dzina lake Ennio Morricone.

Anabadwira ku Rome m'chaka cha 1928. Bambo ake ankaliza lipenga, nayenso anayamba ndi lipenga lomwelo. Apa ndikufuna mumvetse, chifukwa ambiri amadumphapo: munthuyu anakhala zaka zambiri pasukulu ya nyimbo ya Santa Cecilia, m'manja mwa mphunzitsi Goffredo Petrassi, n'kumaliza maphunziro a kapekedwe mu 1954. Atatero anagwira ntchito yokonzera ena nyimbo pawailesi ndi kukampani yojambula nyimbo ya RCA. Ulemu unkapita kwa oimbawo, iye ali kuseri, koma n'kumene dzanja linazolowera kugwira ntchito msanga.

Mwayi unabwera mu 1964 pamene Sergio Leone, amene anaphunzira naye kalasi imodzi ali ana, ankapanga filimu ya akaubhoyi yotchedwa A Fistful of Dollars. Ndalama zinali zochepa, zosakwana kulemba gulu lalikulu la oimba ngati ku Hollywood. Ndiye Morricone anatani? Anatenga mluzu wapakamwa, woimbidwa ndi Alessandro Alessandroni, kulira kwa chikwapu, belu, gitala yamagetsi ndi mawu a amuna ochepa. Zinthu zoti wina akanaziona ngati zachabechabe ndi zimene zinasintha kamvekedwe ka mafilimu a akaubhoyi. Ine ndinayamba kumva mluzu umenewo ndili mwana m'kanyumba koonetsera vidiyo, dzina la wopeka ndisakulidziwa n'komwe, koma mpaka lero sunachoke m'mutu.

Pa Once Upon a Time in the West ya 1968 anapeka nyimbo filimu isanajambulidwe, ndipo Leone ankaziliza pojambula kuti ochita sewero aziyenda motsata nyimboyo. Anthu akuluakulu a m'nkhaniyo aliyense anali ndi kanyimbo kake, moti ukangomva umadziwa amene akubwera. Njira imeneyi mukhoza kuitengera mawa lomwe, siilira ndalama.

Morricone anapeka nyimbo za mafilimu ndi masewero a pa TV oposa 400, akulemba ndi pensulo patebulo, osasamuka ku Rome. Mphoto yaikulu ya mafilimu ya Oscar, yaulemu chabe, anampatsa mu 2007, koma yopikisana anaipeza mu 2016 ndi The Hateful Eight, ali ndi zaka 87. Anamwalira mu July 2020.

Tsono tibwere kwathu. Filimu ya nkhani ya William Kamkwamba, The Boy Who Harnessed the Wind, inajambulidwa ku Kasungu kwanuko, koma nyimbo zake anapeka ndi Antônio Pinto wa ku Brazil. Sindikumunyoza, ntchito anaigwira. Chimene chimandiwawa n'chakuti mpando umenewo tilibe ana athu ambiri oukonzekera, chonsecho makutu athu anakulira m'ng'oma za gule, mabadza a mganda, nyimbo za pamtondo ndi nthungululu za pachinkhoswe.

Choncho musayambe ndi kiyibodi. Pemphani anzanuwo akupatseni nkhani yonse, muiwerenge kawiri, mulembe malo amene akufunika nyimbo ndi amene akufunika kuti zii. Malo a zii amenewo muwateteze, chifukwa filimu zathu zambiri zimaliza nyimbo kuyambira poyamba mpaka pomaliza, mawu a anthu osamveka. Kenako tengani foni mupite kumudzi madzulo, mukajambule musi ukugunda mumtondo, belu la njinga ya kabaza, agogo akung'ung'udza nyimbo yamaliro. Mukawapemphe kaye chilolezo, ndipo maina awo akalembedwe kumapeto kwa filimu. Za malipiro anu mugwirizane papepala ntchito isanayambe, ngakhale ali anzanu, ndipo nyimbozo mukazilembetse ku COSOMA, bungwe loteteza umwini wa ntchito za aluso m'Malawi muno. Mukamaliza gawo loyamba munditumizire ndimve.