Bwanji mbalame zimapanikizana pa kachilumba kopanda munthu?

Sabata yathayi ndalandira imelo kuchokera kwa mayi wina amene anakwera boti pa nyanja yamchere n'kudutsa pafupi ndi kachilumba kamiyala yokhayokha, kopanda nyumba kopanda mtengo, koma mbalame zili mbwee. Akufunsa kuti bwanji mbalamezi zimapanikizana pamenepo pomwe kumtunda malo alipo ambirimbiri, komanso kodi zikanalakwika akanapempha woyendetsa boti awatsitse pang'ono akajambule pafupi?

Mayi, chomwe chimazikokera kumeneko n'choti kulibe makoswe, kulibe amphaka, kulibe nkhandwe. Mbalame zambiri za kunyanja zimaikira dzira pansi penipeni, zina pathanthwe popanda ngakhale chisa, zina m'maenje, ndiye kumtunda dzira lotero silingagone usiku umodzi. Komanso nsomba zili pomwepo, kholo limodzi likupita kukasaka linzake likusamala dzira.

Tengani kachilumba ka Bass Rock ku Scotland. Munthu anasiya kukhalako mu 1988 pomwe nyali yowunikira sitima inayamba kudziyendetsa yokha, ndipo mbalame zotchedwa gannet zinafika pafupifupi 150,000, thanthwe lonse mbuu, mbali ina ndi nthenga mbali ina ndi zitosi. Koma chomwe anthu ambiri sadziwa, banja la gannet limaikira dzira limodzi lokha pa chaka, limodzi basi, ndipo amalifungatira ndi mapazi kwa masabata pafupifupi 6, mwanapiye n'kumudyetsa miyezi 3 asanauluke. Dziralo likasweka kumapeto a nyengo, chaka chonse chapita padera. Mu 2022 chimfine cha mbalame chinapha zambirimbiri kumeneko, ndipo poti zimaswana pang'onopang'ono chonchi kuti zibwerere mwakale zimatenga zaka.

Nkhani yomwe imandipweteka mtima ine ndi ya Ailsa Craig, kachilumba kena ka ku Scotland komweko. Makoswe anafikako ndi sitima kumapeto kwa zaka za m'ma 1800, anayamba kulowa m'maenje a timbalame totchedwa puffin kudya mazira ndi anapiye mpaka timbalameto tinasiyiratu kuswana kumeneko. Makoswewo anawapha ndi mankhwala mu 1991, koma ma puffin anadzayambanso kuswana patapita zaka zoposa 10. Khoswe mmodzi wamkazi woyembekezera atabisala mu katundu wa m'boti ndi wokwanira kuyambitsa zonsezi.

Ndiye za kutsikazo, ayi mayi, munachita bwino osatsika. Munthu akangoponda pamenepo makolo amauluka onse nthawi imodzi, mazira ena amagubuduka pathanthwe, ena amazizira, ndipo mbalame zina zotchedwa gull zimene zimakhala zikudikira mpata womwewu zimatola dzira inu musanatulutse n'komwe foni m'thumba, inu mukubwerera osangalala ndi chithunzi osadziwa kuti mwasiya chiyani kumbuyo. Pomwe pali maenje ndiye zoopsa kwambiri, phazi limodzi limagumula denga la dzenje mwanapiye ali m'kati. N'chifukwa chake tizilumba tambiri totere sitilola munthu kutsika popanda chilolezo, makamaka nthawi yoswana.

Ulendo wina tengani ma bainokyula, magalasi oonera patali aja, muuzeni woyendetsa achepetse injini aime chapatali ndithu, mudzaona gannet ikupinda mapiko n'kudziponya m'madzi ngati mkondo. Mukaona mbalame zayamba kudzuka pa mazira n'kumalira kwambiri ndiye kuti mwayandikira kwambiri, bwererani m'mbuyo.