Kanema wa maliro a McKinley ndi weniweni?

FUNSO: Mwana wanga wandionetsa pafoni kanema wopanda mawu wa maliro a pulezidenti wa ku America, William McKinley, ati ndi wa mu 1901. Kenako panabwera wina woonetsa chigawenga chimene chinamuwombera chikuphedwa pampando wamagetsi. Kodi makamera a kanema analipo kale nthawi imeneyo, kapena ndi zopeka za masiku ano?
Mayi wa ku Dedza

YANKHO: Mayi, wa malirowo ndi weniweni ndithu. Winayo ndi sewero, koma sewero la chaka chomwecho.

McKinley anawomberedwa pa 6 Sepitembala 1901 mumzinda wa Buffalo, akupatsa anthu moni pachionetsero chachikulu. Anyamata ojambula kanema a kampani ya Thomas Edison anali konko, ndipo dzulo lake anali atamujambula akulankhula kwa khamu. Mfuti inalira m'nyumba iwo ali panja, choncho anangojambula chikhamu chili piringupiringu pabwalo, zipewa zokhazokha. Atamwalira pa 14 Sepitembala, ojambulawo analondola bokosi kuchoka ku Buffalo, kudzera ku Washington, mpaka kwawo ku Canton, m'chigawo cha Ohio, komwe mwambo womaliza unachitika pa 19.

Mukaoneranso, muonetsetse kuti zonse zikuchitikira panja: akavalo, asilikali pamzere, ngolo ya maliro ikudutsa. Kamera inali yolemera, yoimika pamiyendo itatu, yopukusa ndi dzanja, ndipo popanda kuwala kokwanira sinkagwira kanthu. Filimu imatha pakangopita mphindi zochepa. N'chifukwa chake maliro aakulu chonchi timawaona m'tizidutswa.

Wowomberayo, Leon Czolgosz, anaphedwa pa 29 Okutobala kundende ya Auburn, koma kamera sinalowemo. Edwin S. Porter, wa kampani yomweyo, anajambula makoma enieni a ndendeyo ali kunja, zotsalazo n'kuchita ndi anthu a zisudzo, kenako n'kulumikiza. Ine pamenepa ndi pomwe sindigwirizana nawo, chifukwa makoma enieniwo amachititsa munthu kukhulupirira zam'katizo. Inunso mwaona mmene zakusokonezerani.

Mwina mukudabwa kuti zafika bwanji pafoni ya mwana wanu, poti mafilimu ambiri a nthawiyo anawola kapena kupsa. Chaka cha 1912 chisanafike, lamulo la ku America loteteza umwini silinkatchula kanema, koma zithunzi. Ndiye a Edison ankasindikiza chithunzi chilichonse cha filimu pampukutu wa pepala n'kukaupereka ku Library of Congress, nyumba yaikulu ya mabuku ya boma la America. Mapepalawo anasungika, ndipo m'zaka za m'ma 1950 akatswiri anawajambula chithunzi chimodzichimodzi kuti akhalenso kanema.