Yankho kwa mayi amene anafunsa za banja la Edgar Cayce

Sabata yatha mayi ena anandilembera imelo yayitali, koma funso lawo lenileni linali lakuti, bwanji ana ndi adzukulu a Edgar Cayce anakakamira kusunga dzina la munthu amene madokotala ambiri ankati ndi wonamiza anthu? Kodi si bizinesi chabe?

Mayi, zikomo, funsoli landikhalitsa pansi ndithu. Kwa amene simukumudziwa, Cayce anabadwa mu 1877 kufupi ndi Hopkinsville ku Kentucky m'dziko la America, anamwalira mu 1945 ku Virginia Beach. Ankagona pa sofa, kumasula tayi ndi zingwe za nsapato, kutseka maso ngati ali mtulo, ndiye wina amatchula dzina la wodwala ndi komwe ali, iye nkuyamba kufotokoza matenda ndi mankhwala ake, wodwalayo mwina ali kutali kwambiri sanaonanepo nkomwe. Sukulu ya udokotala sanapiteko. Mu 1935 anamangidwapo ku Detroit pa mlandu wochiza anthu opanda chiphaso, ndiye amene ankamukayika sikuti ankangomuda ayi, zifukwa anali nazo.

Za ndalama sindikana, bungwe lofalitsa zonena za Cayce la A.R.E. (Association for Research and Enlightenment) lomwe linayamba mu 1931 lilipobe, limagulitsa mabuku, mamembala amalipira. Koma ine chimene chinandigwira mtima ndi china. Kuyambira 1923 mlembi wake Gladys Davis ankakhala pambali kulemba chilichonse chotuluka mkamwa mwa Cayce, ndipo zolembazo zinapitirira 14,000. Bambo atamwalira, mwana wawo Hugh Lynn Cayce akanatha kusankha zokoma zokhazokha nkuotcha zinazo, amene akanadziwa ndani? Koma ayi, zinasungidwa, ndi zochititsa manyazi zomwe, monga zofufuza mafuta a pansi ku Texas zija zimene sizinapindule kanthu, kapena zonena za mwana wa woyendetsa ndege wotchuka Charles Lindbergh, mwana amene anabedwa mu 1932, zomwe sizinathandize aliyense. Mu 1971 Hugh Lynn ndi mng'ono wake Edgar Evans analemba buku lathunthu lounika malo amene bambo awo analakwitsa. Tangoganizani kukhala pa tebulo ndi mbale wako, mapepala a bambo anu ali mbwee, nkumawerenga limodzi pomwe ananena zosachitika, kenako nkuzitulutsa poyera dziko lonse liwerenge. Zoona, m'bukumo anayesetsa kupereka zifukwa zowaikira kumbuyo bambowo, mwana ndi mwana basi, koma zolakwikazo sanazikwirire.

Komanso musaiwale kuti kwa iwo uyu sanali mneneri wa m'nyuzipepala, anali bambo amene anataya mwana wakhanda mu 1911, amene chipatala chake ku Virginia Beach chinatsekedwa mu 1931 ndalama zitavuta. Hugh Lynn anaona zonsezo ndi maso ake.

Pomwe ndimasiyana nawo ndi apa mayi, ndipo ndikunena mochokera pansi pamtima. Kusunga mapepala ndi bwino, koma munthu wodwala akawerenga zoti aike nsalu yonyowetsa mafuta a nsatsi pamimba, monga Cayce ankakonda kulangiza, nkusiya kupita kukayezetsa, pamenepo mtima wanga umawawa. Munanena mu imelo kuti achemwali anu ayamba kuwerenga zimenezi pomwe akumva kupweteka m'mimba. Awerenge ngati akufuna, musawalande, koma chonde aperekezeni kwa dokotala sabata ino.