Greiz ndi Gera: banja la akalonga limene mwana wamwamuna aliyense ndi Heinrich

Mmodzi mwa owerenga wanditumizira imelo, ndipo funso lake mwachidule ndi ili: "Ndinamva pa nkhani kuti apolisi a ku Germany anamanga munthu wotchedwa Kalonga Heinrich XIII pomuganizira kuti amakonza zolanda boma. Kodi Germany ili ndi mafumu? Ngati iyeyu ndi wachinambala 13, nanga 12 enawo analamulira dziko liti?"

Bambo, Germany ilibe mfumu kapena kalonga wolamulira kuyambira mu Novembala 1918, ndipo munthu amene mukumunenayu sanalamulirepo ngakhale mudzi umodzi. Ndi zoona kuti anamangidwa pa 7 Disembala 2022 pamodzi ndi anthu ena oposa 20, komanso kuti mlandu wake unayamba kuzengedwa ku Frankfurt mu Meyi 2024. Za mlanduwo tiwasiyire akhoti. Chimene chikufunika kufotokozedwa bwino ndi banja limene iye akuchokera, la Reuss, limene kwa zaka mazana ambiri linalamulira timaiko ting'onoting'ono kum'mawa kwa chigawo cha Thüringen, makamaka m'matauni a Greiz ndi Gera, m'mbali mwa mtsinje wa Weiße Elster.

Makolo a banjali sanayambe ngati mafumu. M'zaka za m'ma 1100 anali oyang'anira malo m'dzina la mfumu yaikulu ya Ufumu Woyera wa Roma, umene maiko a ku Germany anali pansi pake nthawi imeneyo, ndipo likulu lawo linali ku Weida. Udindo wawo unkatchedwa Vogt, n'chifukwa chake dera lonselo limadziwika kuti Vogtland mpaka lero. Pang'ono ndi pang'ono oyang'anirawo anasanduka eni ake a malo amene anapatsidwa kuti asunge, ndipo mbumba yawo inagawikana ku Weida, Gera, Plauen ndi Greiz. Dzina la Greiz limapezeka koyamba m'zolembedwa za m'chaka cha 1209.

Mwambo wa dzina unachokera m'nthawi yomweyo. Mbiri ya banjali imati pofuna kulemekeza mfumu yaikulu Heinrich VI, amene anamwalira mu 1197 ndipo anawakomera mtima, mwana wamwamuna aliyense wobadwa m'banjamo ankapatsidwa dzina loti Heinrich. Sikuti woyamba kubadwa yekha ayi, koma onse: bambo, ana ake, abale ake ndi asuweni ake. Pofuna kuwasiyanitsa anayamba kuwapatsa manambala, ndipo apa ndi pamene pagona chisokonezo chanu. Kwathu kuno tikamva kuti Inkosi ya Makosi Gomani V kapena M'mbelwa V timadziwa kuti nambalayo ikuwerenga amene akhalapo pa mpando. Kwa a Reuss nambala imawerenga kubadwa kwa ana aamuna m'nthambi yonse ya banja, kaya mwanayo adzalamulira kapena ayi. Nthambi yaing'ono, imene Heinrich XIII wanuyu akuchokera, imayambiranso pa 1 zaka 100 zatsopano zikayamba. Iye anabadwa mu 1951, choncho nambala yake ikungosonyeza malo ake pa mndandanda wa anyamata a m'nthambiyo obadwa m'zaka za m'ma 1900.

Zotsatira zake zimaoneka bwino pa mndandanda wa olamulira a ku Gera. Heinrich LXII, ndiye kuti wa 62, atamwalira mu 1854 analowedwa m'malo ndi mng'ono wake Heinrich LXVII, wa 67. Ameneyu anasiyira mwana wake Heinrich XIV mu 1867, ndipo pambuyo pake panabwera Heinrich XXVII. Munthu wosadziwa mwambowu angaganize kuti wolemba mbiri anasokoneza masamba. Panalinso Heinrich XIII wina amene analamuliradi, ku Greiz kuyambira 1800 mpaka 1817, koma anali wa nthambi ina ndipo si gogo wa amene ali pa mlanduyu.

Nthambizo zinayamba mu 1564, pamene abale atatu anagawana dziko la bambo awo. Nthambi yapakati inatha mu 1616, n'kutsala yaikulu ya ku Greiz ndi yaing'ono ya ku Gera. Koma kugawana sikunathere pomwepo, chifukwa kwa nthawi yaitali ana aamuna onse ankayembekezera gawo lawo la cholowa, motero kunabadwa timaufumu ta ku Schleiz, Lobenstein, Ebersdorf, Hirschberg ndi kwina. Ngakhale tauni ya Greiz yomwe inagawidwa pawiri, n'kukhala ndi Obergreiz ndi Untergreiz, aliyense ndi nyumba yake yachifumu: ina pamwamba pa phiri lapakati pa tauni, ina m'munsi pafupi ndi mtsinje. Magawo awiriwa anaphatikizidwanso mu 1768 pansi pa Heinrich XI, amene mfumu yaikulu inamukweza kukhala Fürst, kapena kuti kalonga wolamulira, mu 1778. Izi zisanachitike, kuyambira 1673, a Reuss anali pa udindo wocheperapo wa Graf.

Mungadabwe kuti timaiko totere tinapulumuka bwanji pamene ena ambiri ofanana nato anamezedwa m'nthawi ya Napoleon. Chimene chinawathandiza n'chakuti anali pansi pa mfumu yaikulu mwachindunji, popanda wolamulira wina pakati, ndipo ufumu wakalewo utatha mu 1806 iwo anafulumira kulowa m'chigwirizano cha maiko a ku Rhine chimene Napoleon anakhazikitsa, mu 1807. Napoleon atagonja anavomerezedwa ngati maiko oima paokha m'chigwirizano cha Germany cha 1815. Nthambi yaing'ono inagwirizana kukhala dziko limodzi mu 1848, Heinrich LXXII wa ku Lobenstein ndi Ebersdorf atatula pansi udindo.

Kuchepa kwa dziko sikunatanthauze kuti banjali linali lopanda dzina. Heinrich Posthumus wa ku Gera, amene anabadwa mu 1572 bambo ake atamwalira kale, anakonza sukulu ndi kulimbikitsa ntchito yoomba nsalu, ndipo nyimbo za pa maliro ake mu 1636 zinapekedwa ndi Heinrich Schütz, katswiri wobadwira ku Köstritz m'dziko lomwelo la a Reuss. Augusta wa ku Ebersdorf anakwatiwa ku Coburg, ndipo anali agogo aakazi a Mfumukazi Victoria ya ku Britain komanso a mwamuna wake Albert.

Amene amandisangalatsa kwambiri pa onsewa ndi Heinrich XXII wa ku Greiz. Anakhala kalonga mu 1859 ali ndi zaka 13 zokha, choncho mayi ake, Caroline wa ku Hessen-Homburg, ndi amene ankayendetsa dziko. Nkhondo ya pakati pa Prussia, dziko lamphamvu la kumpoto kwa Germany, ndi Austria itabuka mu 1866, mayiyu anaima kumbali ya Austria ngakhale kuti dziko lake linali laling'ono ndipo Prussia inali pafupi. Asilikali a Prussia analowa mu Greiz, ndipo pa mgwirizano wa mtendere dzikolo linalipira ndalama zokwana mathaler 100,000 n'kukakamizidwa kulowa m'chigwirizano cha kumpoto chimene Prussia inkatsogolera. Mwanayo atayamba kulamulira yekha mu 1867 sanaiwale. Mu Ufumu wa Germany wa 1871 dziko lake, la masikweya kilomita pafupifupi 317 ndiponso anthu osapitirira 73,000 pofika 1910, linali ndi voti imodzi pa mavoti 58 a m'bungwe la maiko lotchedwa Bundesrat, pamene Prussia inali ndi 17. Voti imodziyo ankaigwiritsa ntchito mobwerezabwereza potsutsa Bismarck, nduna yaikulu ya ufumuwo, ndipo mu 1878 dziko lake lokha ndi limene linakana lamulo lopondereza chipani cha asosholisiti. Musaganize kuti ankakonda usosholisiti. Anali munthu womamatira zakale ndiponso Mlutheran wolimba, ndipo chimene ankateteza chinali ufulu wa mpando wake kuti Berlin isamuuze zochita. Ine ndimaona kuti apa ndi pamene pamaonekera ubwino ndi kuipa kwa timaiko timeneti nthawi imodzi: tinkatha kukana zimene amphamvu afuna, koma kukanako kunkadalira mtima wa munthu mmodzi, osati chifuniro cha anthu oomba nsalu a m'mafakitale a ku Greiz.

Heinrich XXII anamwalira mu 1902. Mwana wake wamwamuna mmodzi yekha, Heinrich XXIV, anali ndi ulumali umene unamulepheretsa kulamulira, motero akalonga a ku Gera ndi amene anamugwirira mpando, poyamba Heinrich XIV, kenaka Heinrich XXVII kuyambira 1908. Ameneyu ndi amene anatula pansi udindo m'malo mwa nthambi zonse ziwiri mu Novembala 1918. Maiko awiriwo anaphatikizidwa mu 1919 kukhala boma limodzi lopanda kalonga, likulu lake ku Gera, ndipo pa 1 Meyi 1920 analowa m'chigawo chatsopano cha Thüringen. Heinrich XXIV atamwalira mu 1927 nthambi ya ku Greiz inatha kumbali ya amuna. Mlongo wake Hermine anali atakwatiwa mu 1922 ndi Wilhelm II, mfumu yaikulu yochotsedwa imene inkakhala ku Doorn m'dziko la Netherlands, zimene bambo awo wodana ndi Prussia uja sakanaziyembekezera.

Pa nkhani ya mawu oti kalonga, malamulo aakulu a dziko a 1919 anathetsa mwayi wonse wobadwa nawo, ndipo maudindo akale anangosanduka mbali ya dzina la munthu. Wina akamalembedwa kuti Prinz Reuss pa chiphaso chake, limenelo ndi dzina la banja basi, lopanda mphamvu iliyonse pa boma. Chuma chambiri cha banjali chinalandidwa mu 1945 pamene dera la Thüringen linakhala m'manja mwa Soviet Union, ndipo Heinrich XLV, mwana wa kalonga womaliza wa ku Gera, anagwidwa ndi asilikali a Soviet chaka chomwecho osaonekanso. Amuna a banjali amene alipo lero ndi a kanthambi ka Köstritz, kamene sikanalamulirepo dziko loima palokha, ndipo mutu wa banja, Heinrich XIV wa masiku ano, anadzipatula poyera ku maganizo a mbale wake uja.

Greiz lero ndi tauni ya anthu pafupifupi 20,000, chiwerengero chimene chinatsika kwambiri mafakitale a nsalu atatsekedwa pambuyo pa 1990. Nyumba zachifumu ziwiri zija zilipobe ndipo muli malo osungiramo zinthu zakale. Yam'munsiyo inamangidwanso moto utapsereza tauni mu 1802. M'paki ya m'mbali mwa mtsinje muli nyumba yachitatu, Sommerpalais, mmene mumasungidwa mabuku ndi zithunzi zosindikizidwa, zambiri mwa izo zochokera kwa Elizabeth, mwana wa Mfumu George III ya ku Britain, zimene zinafika ku Greiz kudzera mwa Caroline uja. Kuyambira 1975 m'nyumba yomweyo mumasungidwanso makatuni onyogodola andale.