Mapamfuleti a MSCE ndi "buku la mayeso olowera ku yunivesite": mugule chiyani ndi ndalama zochepazi?

Bambo wina wa ku Bangula watilembera pa imelo. Mwana wawo wamkazi ali Fomu 4 pa CDSS ina ya kufupi ndi kwawo, kumene buku limodzi la Biology amalimbirana ana angapo. Bambowa agulitsa mbuzi kuti amugulire zowerenga. Pa msika wa ku Nchalo aonako mapamfuleti a maphunziro osiyanasiyana, ndiponso pa gulu lina la WhatsApp pali munthu akutsatsa "buku lokonzekera mayeso olowera ku yunivesite". Funso lawo ndi loti agule ziti kuti mwanayo akhoze MSCE n'kusankhidwa.

Bambo, tiyambe ndi buku la pa WhatsApp lija, chifukwa pamenepo ndalama ya mbuzi ingapite pachabe. Musaligule. Kale University of Malawi inkalembetsadi mayeso olowera, ndipo makolo ambiri amakumbukira zimenezo, n'chifukwa chake ogulitsa amapezerapo mpata. Masiku ano mwana wochokera ku Fomu 4 amafunsira malo m'mayunivesite a boma kudzera ku NCHE, bungwe loyang'anira maphunziro a m'mayunivesite ndi m'makoleji, ndipo chimene chimamusankhitsa ndi zotsatira zake za MSCE. Izi zikukhudza UNIMA ku Zomba, MUBAS ku Blantyre, KUHeS, LUANAR, MZUNI ndi MUST ya ku Thyolo. Mayeso olowera a mwana wanu ndi MSCE yomweyi imene akuikonzekera. Makoleji ena, monga a unamwino ndi ena omwe si a boma, amatha kuitana ofunsira ku intavyu kapena ku mayeso awoawo, koma zimenezo amazilemba pa chilengezo chawo, ndipo zimabwera zotsatira zitatuluka kale. Ino si nthawi yake.

Ndiye mvetsetsani mmene MSCE imawerengedwera, chifukwa ndi imene ikuuzeni pamene ndalama yanu ingagwire ntchito. MANEB imapereka magiredi kuyambira 1 mpaka 9. Giredi 1 ndi 2 ndi distinkishoni, 3 mpaka 6 ndi kirediti, 7 ndi 8 ndi kungokhoza, 9 ndi kulephera. Mayunivesite a boma amafuna makirediti asanu ndi limodzi, ndipo English iyenera kukhala m'gulumo. Tinene kuti mwana wapeza 2 ku Chichewa, 2 ku Agriculture, 3 ku Geography, 3 ku Biology, 4 ku Chemistry ndi 5 ku English. Mukaphatikiza magiredi amenewo ndi mapointi 19 (mapointi akachepa ndiye kuti mwana wakhoza bwino), ndipo atha kufunsira. Mwana yemweyo akapeza 7 ku English, zina zonse zili chimodzimodzi, khomo latsekeka. Chinanso, pulogalamu iliyonse ili ndi maphunziro ake amene imayang'ana. Wofuna za chipatala amamuyang'ana Biology, Chemistry, Physics ndi Masamu. Wofuna uinjiniya amamuyang'ana kwambiri Masamu ndi Physics. Mapointi ochepa opezeka ndi maphunziro osagwirizana ndi pulogalamuyo samuthandiza. Choncho musanagule kanthu, khalani pansi ndi mwanayo, mumufunse chimene akufuna kudzachita, muone lipoti lake la temu yatha. Phunziro limene pulogalamu yake ikufuna koma iye akulipezera 7 kapena 8, pamodzi ndi English ngati ikugwedezeka, ndi kumene ndalama ipite. Ana ambiri amagula pamfuleti ya phunziro limene amalikonda kale, chifukwa ndi losangalatsa kuwerenga. Kusuntha phunziro kuchoka pa 2 kufika pa 1 kumachotsa pointi imodzi yokha, pamene kulisuntha kuchoka pa 7 kufika pa 5 kumatsegula khomo.

Chinthu choyamba kukhala nacho ndi silabasi, ndipo sichidula. Masilabasi amakonzedwa ku Malawi Institute of Education ku Domasi, ndipo mphunzitsi wa phunziro lililonse amakhala nayo yake. Mwana apemphe mwaulemu, ajambulitse masamba a Fomu 3 ndi Fomu 4, kapena akopere pamanja mitu ndi zimene akuyenera kudziwa pa mutu uliwonse. Akatero atenge pensulo: mutu umene akuudziwa achonge, umene akuukayikira aike kadontho, umene sanaphunzire n'komwe aike mtanda. M'chigwa cha Shire muno mitanda imeneyi imachuluka pa chifukwa chimene inu mukuchidziwa bwino. Temu yachiwiri imagwa nthawi ya mvula, madzi akasefukira misewu imaduka, makalasi amasanduka misasa ya othawa madzi, monga zinakhalira ndi namondwe wa Ana mu 2022 ndi wa Freddy mu 2023. MANEB siichepetsa mafunso chifukwa Shire anasefukira. Mwana wa ku Makhanga amalemba pepala lomwelo limene akulemba mnzake wa ku Lilongwe. Pepala la mitanda lija ndi limene limaonetsa mabowo amene aphunzitsi sanathe kutseka.

Chachiwiri ndi mapepala a mayeso akale a MANEB, a zaka zisanu zapitazi pa phunziro lililonse ngati angapezeke. Chachitatu ndi buku lenileni lovomerezeka ndi Unduna wa Zamaphunziro, la phunziro limodzi kapena awiri ovuta aja. Pamfuleti ibwere pambuyo pa zonsezi. Sitikunena kuti mapamfuleti onse ndi oipa. Alipo olembedwa ndi aphunzitsi odziwa ntchito, ndipo amathandiza pobwereza. Vuto lake ndi loti pamfuleti ndi chidule. Imapereka mfundo zisanu popanda kufotokoza chifukwa chake, mwana amaloweza, ndiye funso likatembenuzidwa pang'ono amasowa pogwira. Wina analoweza tanthauzo la osmosis mawu ndi mawu, koma akamufunsa chimene chingachitikire kachidutswa ka mbatata mutakaika m'madzi a mchere wambiri, sadziwa kuti funsolo ndi la osmosis yomweyo.

Ngati mwaganiza zogula pamfuleti, pitani ndi mwanayo, atenge silabasi yake, ndipo musachite manyazi kuima pa benchi ya wogulitsa kwa mphindi khumi. Onani ngati pali dzina la wolemba ndi chaka chimene inalembedwa. Yopanda zonse ziwiri isiyeni. Onani mitu ngati ikufanana ndi ya mu silabasi. Silabasi ya ku sekondale inasintha kuyambira mu 2015, ndipo phunziro la Physical Science linagawidwa kukhala Physics ndi Chemistry, koma mapamfuleti akale akujambulidwabe, ena angowasintha chikuto. Kenako mwana atsegule pa mutu umene amaudziwa bwino, aone mayankho atatu. Akapeza limodzi lolakwika, dziwani kuti pa mitu imene sakuidziwa zolakwika ziliponso, ndipo kumeneko sadzazizindikira. Onaninso zithunzi. Pamfuleti yojambulidwa kuchokera pa inzake yojambulidwanso imafika poti chithunzi cha mtima kapena cha impso chimangokhala chibanga chakuda, timizere tolozera titafufutika, ndipo ku Masamu kanambala kakang'ono ka pamwamba kamasowa, x² n'kuoneka ngati x. Werengani manambala a masamba kuti muone ngati ena sanadumphidwe.

Za pa WhatsApp zili ndi msampha wina woopsa kuposa kuluza ndalama. Mayeso akayandikira pamatuluka anthu ogulitsa likasa. Ambiri ndi akuba chabe, amatenga pepala lakale n'kusintha chaka. Koma ngakhale litakhala lenileni, kupezeka nalo ndi mlandu, ndipo mwana atha kuchotsedwa pa mayeso. Mu 2020 mapepala a MSCE atabedwa, mayeso onse anathetsedwa ali mkati, ana a dziko lonse n'kudzalembanso kumayambiriro kwa 2021, olakwa ndi osalakwa omwe. Muuzeni mwana wanu zimenezi inuyo ndi pakamwa panu.

Tsopano kagwiritsidwe ntchito ka mapepala akale, chifukwa apa ndi pamene ana ambiri amataya phindu. Kuwerenga funso kenako n'kuyang'ana yankho si kukonzekera. Mwana amamva ngati akudziwa chifukwa yankho likuoneka lachidziwikire akaliona, koma m'chipinda cha mayeso mulibe poonera. Achite chonchi: kamodzi pa sabata, makamaka Loweruka m'mawa, atseke mabuku onse, aike wotchi patsogolo, alembe pepala lonse mu nthawi imene yalembedwa pachikuto. Nthawi ikatha aike cholembera pansi ngakhale asanamalize. Kenako achonge ndi buku, kapena apite nalo kwa aphunzitsi Lolemba. Akhale ndi kope limodzi la zolakwa zokhazokha. Pa funso lililonse limene walakwa alembe funsolo, yankho lolondola, ndi chifukwa chimene analakwira: sanaphunzire mutuwo, sanamvetse funso, anathamanga, kapena nthawi inamuthera. Zifukwa zinayi zimenezi mankhwala ake ndi osiyana. Wosaphunzira mutu abwerere ku buku. Wothamanga aphunzire kuwerenga funso kawiri. Wotheredwa nthawi aphunzire kudumpha funso lomukanika n'kudzalibwerera. Mafunso a m'kopemo awayesenso mawa lake, patatha masiku atatu, ndi patatha sabata.

Aziyang'anitsitsa mawu oyamba a funso ndi malikisi ake. "State" akufuna yankho lalifupi. "Describe" akufuna anene mmene chinthu chilili kapena mmene chimachitikira, mwa ndondomeko. "Explain" akufuna chifukwa, ndipo yankho lopanda chifukwa limataya malikisi ngakhale mfundo ili yoona. Funso la malikisi atatu silingayankhidwe ndi liwu limodzi, ndipo la malikisi amodzi silifuna ndime yonse. Ku Masamu aonetse njira yonse, mzere ndi mzere, chifukwa ochonga amapereka malikisi pa njira ngakhale yankho lomaliza litaphonya, pamene yankho lolakwika lopanda njira ndi ziro. Ku Physics asaiwale mayunitsi. Pa girafu agwiritse ntchito pensulo yosongoka, alembe mayina a mizere yonse iwiri ndi mayunitsi ake, ndipo asankhe sikelo yoti girafuyo idzaze koposa theka la pepala. MANEB imatulutsanso malipoti a akuluakulu ochonga mayeso, ofotokoza pamene ana analakwitsa chaka chimenecho. Mwana afunse kwa ahedi kapena kwa mkulu wa dipatimenti ngati alipo pa sukulupo.

Pali gawo limodzi limene pamfuleti iliyonse imalephera, ndilo mapepala a pulakitiko a Biology, Chemistry, Physics ndi Agriculture. Ma CDSS ambiri alibe labu, ndipo mwana amatha kudzagwira burette, kachubu kagalasi koyezera zamadzimadzi ku Chemistry, koyamba tsiku la mayeso, manja akunjenjemera. Inu ngati kholo kambani nkhaniyi ku komiti ya sukulu, kuti aphunzitsi akonze zopita ndi ana a Fomu 4 ku sekondale ya mu kilasita yawo (gulu la masukulu oyandikana) imene ili ndi zipangizo, ngakhale Loweruka awiri kapena atatu okha. Ndalama ya thiransipoti ya ulendo umenewo ndi yaphindu kuposa mapamfuleti atatu. Zina atha kuyeserera pakhomo pomwepo. Athyole tsamba la mango, aliyeze ndi rula, alijambule ndi pensulo, mzere umodzi wosadukiza, osapaka mthunzi, timizere tolozera tojambulidwa ndi rula tosapingasana. Ngati tsamba ndi la masentimita 8 ndipo chojambula chake ndi cha masentimita 12, magnification ndi 12 kugawa ndi 8, alembe x1.5. Mawa achite chimodzimodzi ndi duwa la therere, mkuja ndi chiwala.

English, popeza ndi imene imagwetsa ambiri, imafuna ntchito ya tsiku ndi tsiku. Mwana amene kunyumba amalankhula Chisena kapena Chimang'anja, ndi anzake Chichewa, amakumana ndi Chingerezi m'kalasi mokha, ndipo kuloweza malamulo a galamala sikumukwanira. Alembe chimangirizo chimodzi sabata iliyonse, apereke kwa aphunzitsi, akachongeredwa achilembenso chokonza. Atenge nkhani ya m'nyuzipepala, ngakhale yakale yokulungira zinthu, aifupikitse m'mawu akeake. Mabuku a Literature a English ndi a Chichewa awerenge buku lenilenilo kuyambira tsamba loyamba mpaka lomaliza, atafunsa aphunzitsi mndandanda wa mabuku a chaka chake, chifukwa mabukuwa amasinthidwa. Chidule cha m'pamfuleti sichingamuyankhire funso lofuna kuti apereke umboni wochokera m'nkhani.

Nthawi yowerengera itsate nyengo yathu. Masana a October ndi November kuno kumatentha kupitirira madigiri 40, mutu sugwira. Maola awiri a m'bandakucha, kuyambira 4 koloko, apatsidwe Masamu ndi sayansi. Madzulo abwereze zopepuka. Awerenge mphindi 40, apume zisanu kapena khumi. Ngati pakhomo palibe magetsi, pa ndalama ya mbuzi ija patulanipo ya nyali ya sola, yoti azitha kulowa nayo m'neti, chifukwa malungo a sabata imodzi mu Fomu 4 amadya mitu ingapo. Mumuchepetsereko ntchito za m'mawa monga kutunga madzi, makamaka kuyambira pa mayeso a mock mpaka MSCE. Gulu lowerengera limodzi likhale la ana anayi kapena asanu, aliyense agule buku la phunziro losiyana azisinthana, ndipo aliyense azibwera atakonzeka kuphunzitsa anzake mutu umodzi. Mabuku, silabasi ndi kope la zolakwa zizisungidwa m'majumbo, m'chidebe chotseka bwino, pamalo okwera, kuopa madzi ndi chiswe.

Chomaliza chimene makolo ambiri amachiiwala: sukulu ikatulutsa mndandanda wa olembetsa mayeso, mwana aonetsetse kuti dzina lake lalembedwa molondola, tsiku lobadwa ndi lomwelo, ndipo maphunziro onse amene akulemba alipo. Cholakwika chikapezeka msanga ahedi amachikonzetsa ku MANEB, koma chikafika pa satifiketi chimavutitsa pofunsira malo ku NCHE ndi pofunsira ngongole ya sukulu ku HESLGB, bungwe lobwereketsa ndalama kwa ophunzira a ku yunivesite. Pemphaninso aphunzitsi akupezereni chilengezo cha NCHE cha chaka chatha, mwana awerenge yekha zimene pulogalamu yake imafuna, azilembe patsamba loyamba la kope lija.