Magalagadeya, passion fruit ndi mphekesera ya chilakolako

Sabata yatha ndinalandira imelo kuchokera kwa mayi wina amene akukhala ku Leeds, m'dziko la England. Ndaidulako pang'ono, koma mfundo zake ndi izi:

"Achimwene, pampanda wa nyumba yomwe tikuchita lendi payanga chomera cha maluwa odabwitsa, oyera ndi abuluu. Aneba anga akuti ndi passion flower. Mayangidwe ake akundikumbutsa magalagadeya a kwathu ku Ntcheu. Mnzanga wa kuntchito akuti dzinali limatanthauza duwa la chilakolako, ndipo chipatso chake chimawonjezera abambo mphamvu kuchipinda. Apongozi anga, omwe ndi Akatolika a magazi, nditawatumizira chithunzi pa WhatsApp anati limeneli ndi duwa la Ambuye Yesu. Akulondola ndani? Nanga passion fruit, granadilla ndi magalagadeya ndi chinthu chimodzi? Zipatso za pampanda pangazi ndingadye?"

Mayi, mlanduwu awina ndi apongozi anu, ndipo awina poyera. Mukawaimbira muwauze choncho, mwina Khirisimasi ikubwerayi mudzadya nkhuku.

Mnzanu uja sindikumunyoza ayi, chifukwa Chingerezi chimene tikumva masiku ano ndi chimene chamusokoneza. Lero mawu oti passion timawamva m'nyimbo zachikondi, pa mabotolo a perefyumu, ndiponso m'kamwa mwa achinyamata ofunsira ntchito amene amati ali ndi passion ya zakutizakuti. Koma mawuwa anachokera ku Chilatini, passio, ndipo kumeneko ankatanthauza kuzunzika, kumva zowawa. Muzu wake ndi womwewo umene unabala patient, munthu wodwala amene wagona m'chipatala, komanso compassion, kumva ululu limodzi ndi mnzako. Pamene mawuwa ankalowa m'Chingerezi ankanena za masautso a Yesu, kuyambira m'munda wa Getsemane mpaka pa Gologota. Tanthauzo la chilakolako cha mwamuna ndi mkazi linabwera pambuyo, patadutsa zaka mazana, kenako n'kukula mpaka kuphimba lakale lija. Dzina la duwali linatsalira ku tanthauzo lakale. Tikanati tilimasulire bwinobwino m'Chichewa tikanati duwa la masautso a Ambuye.

Tsono masautso a Ambuye akukhudzana bwanji ndi chomera choyanga pampanda? Apa ndi pamene pali nkhani yokoma, ndipo muli ndi mwayi chifukwa umboni uli pakhomo panu pomwepo. Thyolani duwa limodzi, mulitenge m'manja, tiwerengere limodzi.

Kunja kwenikweni kuli timasamba 10 totambasuka ngati mbale. Ansembe a ku Spain amene anapita ku America m'zaka za m'ma 1500 anati amenewa ndi atumwi. Mukafunsa kuti kodi atumwi si anali 12, yankho linali lokonzeka kale: Yudasi anapereka Mbuye wake, Petulo anamukana katatu tambala asanalire, ndiye awiriwa achotsedwe. Apa ine ndimaseka ndekha, chifukwa munthu akafunitsitsa kuti masamu atheke, amatheka basi. Pamwamba pa timasambato pali nkhata ya tiulusi tambirimbiri, tabuluu kunsonga, toyera pakati, tofiirira kutsinde. Chimenecho ndicho chisoti chaminga. Pakati pa duwa paimirira kamtengo kakafupi, komwe ena anati ndi mzati umene Yesu anamangidwapo pokwapulidwa. Pakamtengoko pali timitu 5 tonyamula ufa wachikasu uja umakanirira kumsana kwa njuchi: mabala 5, awiri m'manja, awiri kumapazi, limodzi m'nthiti. Pamwamba penipeni pali tindodo 3 tokhala ndi mitu yobulungira, ndipo kunena zoona timeneti timafananadi ndi misomali. Ngakhale tizingwe topotana tija chomerachi chimagwirira pawaya sanatisiye, anati ndi zikoti za asilikali.

Mu 1609 mmonke wina wochokera ku Mexico anafika ku Rome ndi chojambula cha duwali, n'kuchionetsa kwa Giacomo Bosio, amene panthawiyo ankalemba buku lonena za mtanda. Bosio poyamba anakayikira, koma atamva umboni wa ena ochokera komweko analemba za duwali m'buku lake la mu 1610, mbiri n'kufalikira Ulaya yense. Zojambula zoyambirira zinali zokokomeza ndithu. Ojambula ena, oti duwalo sanalionepo ndi maso, ankaika misomali yeniyeni ndi minga yolukidwa pamwamba pake. Ku England komwe muliko, katswiri wa zomera John Parkinson analemba mu 1629 monyoza kuti zonsezi ndi nthano za Ajezuiti, gulu la ansembe a Chikatolika. Koma dzina likamera mizu silimva kutsutsa. Pofika 1753 Carl Linnaeus, wa ku Sweden uja anakonza dongosolo la mayina a zomera, analikhomerera m'mabuku a sayansi kuti Passiflora, ndipo mpaka lero banja lonseli, lomwe lili ndi mitundu yoposa 500, limadziwika ndi dzina limeneli.

Chimene ndimaona ine n'chakuti aliyense anaona paduwali zimene zinali kale m'mutu mwake. Ansembe anaona Lachisanu Loyera. Ku Japan anaona wotchi, tindodo 3 tija n'kukhala mivi yolozera nthawi, ndipo amalitcha tokeiso, udzu wa wotchi. Ku India amati Krishna kamal, n'kuwerenga tiulusi ndi timitu tija molingana ndi nthano za chipembedzo chawo. Eni nthaka a ku Brazil, amene ankadya chipatsochi mzungu asanaponde kumeneko, dzina lawo linali la chipatso chenichenicho, ndipo ndi limene Apwitikizi analitenga n'kukhala maracujá. Abale athu a ku Tete ndi ku Ulongwe akamayankhula Chipwitikizi amatchula limeneli.

Tibwere ku granadilla. Dzinali ndi lakale kuposa passion flower, ndipo lilibe chochita ndi tchalitchi. Pedro Cieza de León, msilikali amene analemba za ulendo wake ku Peru, analitchula kale mu 1553. M'Chisipanishi granada ndi chipatso chija Buku Lopatulika limati makangaza, chimene chinapetedwa m'mphepete mwa mkanjo wa wansembe pa Eksodo 28. Ukaswa kangaza umapeza njere zambirimbiri, iliyonse yokutidwa ndi kathumba kamadzi. Asipanishi ataswa chipatso chatsopanochi anaona zofananazo, koma chaching'ono, ndiye anangoti granadilla, kakangaza. Mongodutsa: bomba loponya ndi dzanja lija asilikali amati grenade linatenganso dzina ku makangaza omwewa. Chipatso chimodzi chinabala dzina la zotsekemera ndi la chida chophera anthu.

Dzina la granadilla ndi limene linakhazikika kuno kummwera kwa Africa. Mukalowa musitolo ku Johannesburg kapena ku Harare, pa botolo la juwisi mupeza palembedwa granadilla. Ku Britain mupeza passion fruit. Ku Kenya ogulitsa amangofupikitsa n'kumati passion. Chipatso n'chimodzimodzi, Passiflora edulis, kwawo kwenikweni ndi kummwera kwa Brazil, Paraguay ndi kumpoto kwa Argentina.

Nanga magalagadeya athu? Tatchulani granadilla pang'onopang'ono, ngati agogo amene sanapite kusukulu akulimva koyamba pakamwa pa bwana wa kumunda wa tiyi. Lilime la Chichewa silikonda zilembo ziwiri zogundana ngati g ndi r, limalowetsa a pakati, r n'kusanduka l. Gra yasanduka gala. Kwa ine palibe kukayika kuti galagadeya ndi granadilla amene wavala chitenje. Kenako tinamuika ma kutsogolo monga tinachitira ndi anzake obwera: malalanje, amene anachokera ku laranja wa Apwitikizi, mapapaya, magwafa, mapeyala. Mapeyala ndiye oseketsa kwambiri, chifukwa Azungu ankati avocado pear, ife tinataya avocado n'kutola pear, moti lero Mmalawi akaona peyala lenileni la ku Ulaya amasowa dzina loliitanira. Onaninso kuti galagadeya mmodzi simumumva kawirikawiri pakamwa pa anthu. Timati magalagadeya basi, mwina chifukwa palibe amene amadya limodzi n'kuima.

Chinanso chimene ndimakonda pa dzina lathuli n'chakuti silisiyanitsa. Chomera ndi magalagadeya, chipatso ndi magalagadeya, duwa ndi duwa la magalagadeya. Mngelezi ali ndi passion flower pa chomera chokongoletsera pakhomo ndi passion fruit pa chodya, ndipo ambiri mwa aneba anu mwina sadziwa n'komwe kuti ziwirizi ndi pachibale. Ife duwa sitinalisamale. Kwa agogo anga magalagadeya anayanga pa mpanda wa bafa n'kukwera mumtengo wa pichesi, ndipo zaka zonse ndinakulira pamenepo sindikumbuka tsiku limene wina anatiitana kuti tidzaone duwa. Tinkadikira kuti chipatso chigwe chokha. Tikatola losalala, agogo ankatilanda n'kuliika pawindo kuti liyambe lakwinyika, chifukwa lamakwinya ngati nkhope ya nkhalamba ndilo lotsekemera. Ukatero umaboola ndi dzino, n'kuyamwa zonse ndi njere zomwe, masaya akuphwa. Mpaka pano ndikamakwera phiri la Zomba, anyamata ogulitsa zipatso m'mbali mwa msewu wopita ku Ku Chawe akandionetsa mbale ziwiri, ndimaloza ya okwinyika, iwo n'kuseka kuti bwanawa ndi odziwa.

Chenjezo limodzi pa dzina la granadilla, poti m'masitolo a ku Britain mumabwera zipatso za maiko ambiri. Mukaona chipatso cholembedwa granadilla kumeneko, kawirikawiri chimakhala china: chachikasu chopita ku olenji, chikhungwa cholimba chosweka ngati dzira, m'kati motuwa, chotsekemera popanda kuwawasa. Chimenecho ndi Passiflora ligularis wa kumapiri a Andes, ndipo ku Colombia ndi Peru ndi yekhayo amene amamutcha granadilla. Wachikasu wowawasa amati maracuyá, ndipo wofiirira wathu uja ku Colombia amati gulupa. Ndiye munthu wa ku Cape Town ndi wa ku Bogotá akhoza kukangana tsiku lonse za kukoma kwa granadilla, aliyense akunena chipatso chake. Ngati mukufuna kukoma kwa ku Ntcheu, fufuzani polembedwa passion fruit, musankhe ofiirira.

Za mphamvu ya abambo zija, muwauze anzanuwo kuti mbiri ya chomerachi imaloza kwina. Mtundu wina wa ku United States, Passiflora incarnata, umagulitsidwa m'mafamase a ku Ulaya ngati tiyi kapena mapiritsi othandiza munthu kukhazika mtima pansi ndi kupeza tulo. Ku Brazil mayi amapatsa mwana wosakhazikika juwisi wa maracujá kuti adekhe. Tsono bambo amene wamwa zimenezi poyembekezera zodabwitsa usiku, chodabwitsa chake chikhoza kukhala mkonono. Otsatsa malonda ndiwo amapindula ndi chisokonezochi, chifukwa chakumwa cholembedwa passion ndi zilembo zofiira chimayenda malonda kuposa cholembedwa masautso. Ngati anzanuwo akufuna chomera choyanga chimene kwathu kuno chimatchulidwa pa nkhani imeneyo, dzina lake ndi gondolosi, ndipo nkhani yake ndi ya tsiku lina.

Tsopano za pampanda panu. Malinga ndi mmene mwafotokozera, maluwa oyera ndi abuluu, komanso kupirira chisanu cha ku Leeds panja, chimenecho ndi Passiflora caerulea, msuweni wa magalagadeya amene Angelezi amabzala chifukwa cha maluwa. Mutsimikize poona tsamba. La magalagadeya odya limagawika patatu ndipo ndi lonyezimira, pamene la caerulea limagawika pasanu ngati zala za dzanja, nthawi zina kuposa apo. Chipatso chake chikapsa chimakhala cha olenji, chowulungika ngati dzira, chofewa ukachifinya, m'kati mofiira. Chakupsa bwinobwino sichipha munthu, koma mudzakhumudwa: n'chozizira, chopanda fungo lija limadzaza nyumba yonse. Chosapsa ndi masamba ake musayerekeze, ndipo ana muwaletse, chifukwa muli poizoni wa mtundu womwe uja umapezeka m'chinangwa chowawa. Musatengenso masamba ake n'kuphika tiyi poti mwawerenga za tulo pamwambapa. Wothandiza kupeza tulo uja ndi mtundu wina.

Ngati mukufuna kutumizira apongozi chithunzi china choti awerengere bwino misomali ndi mabala, jambulani m'mawa duwa likangotseguka, dzuwa lili kumbuyo kwanu. Duwa lililonse limakhala tsiku limodzi lokha. Limene mwaliona lero popita kuntchito, mawa mulipeza litatseka, ndiye muyang'ane mphukira yotsatira pa nthambi yomweyo.